Gemu Yotsekulidwa ndi Manja Osasamba

Chala ichi ndanyambita, ndaloza kumwamba, nonse mwaona. Ngati m'nkhani ino muli bodza ngakhale laling'ono ngati dzira la nsabwe, mphezi inding'ambe pakati ngati chinangwa, mbali imodzi adye agalu, inayo mukagulitse pamsika. Ine sindinama. Sukulu ndinangoidutsa kuseri pothamangitsa mbuzi, koma maso awa aona zinthu zoti aphunzitsi anu akanaziona bwenzi atameza choko. Ine amene ndinamenya fisi khofi kuphiri la Bunda mpaka anakhala pansi n'kupepesa, ndinamizirenji anthu ngati inu? Senderani kuno. Iwe, siya kutokosa motowo.

Ku Chinsapo kunali mayi wina dzina lake Esinala, wa kwa Chisale. Mwamuna wake, Yotamu, ankakonza mafoni ndi mawailesi pakhonde la golosale ina pamsika. Munthu wa manja uja! Foni yoti yagwera m'chimbudzi n'kukhalamo dzinja lonse, iye akangoiuzira mpweya inkadzuka n'kuyamba kuimbira eni ake yokha. Mwana anali naye mmodzi yekha, mtsikana, Tamala, wa msinkhu woti wangoyamba kusenza beseni la madzi osataya.

Tsiku lina Yotamu anatola pakaunjika makina a gemu, aja akuda ngati njerwa yopserera, olumikiza ku tivi. Tsono ndikuuzeni inu osadziwa: makina amenewa eni ake kufakitale amawatseka. Amaikamo mlonda m'kati. Ukabwera ndi gemu yogula kwa iwo, mlonda akuti lowani bwana. Ukabwera ndi yako yopanga wekha, akuti choka, sindikudziwa. Kuti mlondayo agone pamafunika tchipi, kanthu kochepa ngati chikhadabo, kowotcherera m'mimba mwa makinawo. Kakalowa kameneko ndiye kuti chitseko chaguluka. Aliyense amalowa. Mwamva bwino? Aliyense.

Yotamu ankafuna chitsekocho chiguluke chifukwa anali atapanga gemu yakeyake. Anaipanga pa kompyuta yakutha imene kasitomala wina anaitaya, n'kuisunga m'kakhadi. Kompyutayo isanafe anaitana mkazi wake kuti aone. Munali kamunthu kovala shati yobiriwira, kakuweruka kuntchito, kakuyenda njira ya ku Chinsapo yeniyeni: chigayo apa, butchala apo, mjigo uko. Kankatola tinthu m'njira, kakuimba likhweru. Likhwerulo linali lake Yotamu, anachita kulijambula, lomwe lija ankaimba akamakhota pampanda kuti a m'nyumba adziwe kuti wafika.

"Nanga imatha bwanji?" anafunsa Esinala.

"Kakafika pakhomo, kamwana kamatuluka. Kakangokagwira dzanja, basi, gemu yatha."

"Ndiye gemu imeneyo, bambo a Tamala? Popanda womenyedwa, popanda chigoli?"

"Inu Nachisale simudziwa zinthu. Dikirani tchipi ifike kuchokera ku Joni. Tamala adzaisewera pa tivi, ine nditakhala apa, inu mukuchita nsanje."

Tchipi inafikadi, anabwera nayo dalaivala wa lole. Koma inapeza Yotamu ali pamphasa, mutu ukuwaza ngati nkhwangwa. Sanaivundukule n'komwe m'kapepala kake. Posakhalitsa amayi a mvano anali akuimba pakhomo.

Yotamu anali ndi mkulu wake, bere limodzi, dzina lake Waisoni, mwini kachisakasa ka makatoni koonetsera mavidiyo m'mbali mwa msewu. Kumanda Waisoni analira! Analira mpaka mbalame zinasamuka m'mitengo, zina mpaka lero zili ku Dedza. Anzake poponya dothi m'dzenje amangotapa pang'ono, iye anatapa ndi manja awiri, kubwereza, kukanda mtumbira ndi zala. Koma nkhata zisanathe kuikidwa, Esinala anakweza maso n'kuona msana wa mlamu wake ukuzimirira m'mitengo.

Mwambo mukuudziwa. Pochokera kumanda, pakhomo la siwa pamakhala beseni la madzi, adzukulu okumba manda ataponyamo masamba awo. Aliyense amasamba m'manja kuti dothi la uko litsale m'madzimo, lisalowe m'nyumba ya munthu wamoyo. Waisoni anafika yekha, beseni lili poteropo, analilumpha ngati chithaphwi. Ngolo anali ataiimika kale kuseri.

Pamene amayi ankafika naye Esinala atamugwirira uku ndi uku, m'nyumba munali pululu. Mipando, matiresi, njinga, tivi, mapoto, makina aja ndi tchipi ndi kakhadi komwe, mpaka msomali wokolekapo kalendala anauzula. Tamala, amene anamusiya kwa aneba poti ana sapita kumanda, naye anamukweza pangolo pamwamba pa matiresi. Aneba onse anaona. Anthu amene anali atangodya kumene nyemba za pamaliro anangoti, "Za pachibale izi," n'kumatokosa m'mano.

Esinala sanakhale pansi. Dzuwa lisanalowe anafika kuchisakasa kuja, chitambala chakuda chili kumutu. Anapeza Waisoni atagadamiza makina aja pabenchi, mimba ili yasa, kachitsulo kowotcherera kali m'manja. Kuwotcherera anaphunzira kwa mng'ono wake yemweyo.

"Alamu, ndabwerera mwana."

"Mwana ali kwawo. Ndi magazi athu amenewa."

"Mwana ndi wa kuchikazi, alamu."

"Zimenezo mukanene kwanu ku Ntchisi. Muno ndi m'tauni."

Esinala anayang'ana manja a mlamu wake. M'zikhadabo zonse munali dothi lofiira, lija la pansi penipeni pa dzenje. Akamapotokola tiwaya, tizidutswa take tinkayoyokera m'mimba mwa makinawo.

"Alamu, simunasambe."

"Ndikasamba ndikamaliza. Dothi ndi dothi, mlamu. Kapena mukufuna ndisambe m'misozi yanuyo?"

Anagunditsa kachitsulo kaja pa tchipi. Utsi unatuluka. Koma m'malo monunkha mtovu, m'chisakasa monse munamveka fungo la nthaka yonyowa, chonsecho unali mwezi wa Okutobala, mvula anthu ataiiwala maonekedwe ake. Waisoni anayetsemula, n'kutseka makinawo dothi lili momwemo.

Esinala analibe mwini mbumba pafupi, malume ake anali nkhalamba yosaona. Ndiye anabwereka lichero, n'kumakhala tsidya lina la msewu, moyang'anana ndi chisakasacho, kugulitsa tomato. Sikuti ankafuna malonda. Ankafuna aziona mwana wake akamadutsa ndi beseni kupita kumjigo, pakuti kwa Waisoni Tamala anasanduka wantchito: kutunga, kusesa, kuchapa matewera. Akamadutsa sankaloledwa kuima. Ankangoyang'ana mayi ake m'mbali mwa diso, madzi akudontha m'masaya, osadziwika ngati ndi a m'beseni.

Waisoni anadzaza fulashi ndi magemu a mpira, a nkhonya, a magalimoto. Ana anakhamukirako ngati ntchentche pa mango. Koma tamverani. Akasankha ya mpira, tivi inkada bii, kenaka kamunthu ka shati yobiriwira balamanthu. Akasankha ya nkhonya, kamunthu komweko. Waisoni anazula kakhadi ka mng'ono wake n'kukaponya m'chimbudzi, ine ndikuona ndi maso angawa. Kubwerera, kuyatsa, kamunthu kali chiimire, kakudikira.

Ndipo likhweru linalira.

Esinala analimva ali tsidya lija. Lichero linagwa, tomato anagubuduzika mpaka ku Likuni, wina anakatoledwa ku Mchinji. Anapezeka waimirira, akukonza chitenje, mtima ukuti akatenthetse madzi osamba. Kenaka anakumbukira, n'kukhala pansi pang'onopang'ono.

Kuyambira tsiku limenelo ankalidikira likhwerulo ngati mmene wodwala amadikirira kucha. Tsiku lililonse lichero linkasendera kufupi ndi msewu. Katundu anamulanda, mwana anamulanda, chithunzi cha ukwati chinapita pamodzi ndi msomali wake. Cha mwamuna wake chimene chinatsala choti n'kuchimva chinali kampweya kameneko, kotuluka m'mipata ya makatoni a Waisoni. Kakalira, iye ankatsinzina n'kumutaya kasitomala ali chiimire.

Ana ankatuluka m'chisakasamo akukangana, ndipo Esinala ankatchera khutu.

"Ndi kwathu kuno, aise! Chigayo chija waona?"

"Koma kamunthuko n'kamwano. Ndimati kapite kumanzere, kakungopita kwa a Waisoni."

"Iwe sutha kusewera."

"Nanga bwanji kakalowa m'nyumba kamatuluka ndi mpando? Ndiye kamabwerera nawo kumitengo kuja."

Esinala anawaitana. "Mitengo iti, ana inu? Sikayambira pamsika?"

"Ayi, amayi. Kamayambira m'mitengo yambiri yakuda. Kumene kulibe nyumba."

M'mawa mwake kunamveka phokoso kwa Waisoni. Mipando iwiri ya Yotamu inali itasowa, chitseko chili chokhoma, mpiringidzo uli m'malo mwake. Waisoni anamenya Tamala kuti watsekulira mayi ake. Mkuja wake njinga inapita. Anthu a m'njira ya kumanda anati anamva belu lake mbandakucha, ngiri ngiri, koma popanda kulira kwa tcheni kapena matayala. Mapoto anapita. Tivi ya Yotamu inapita, n'kutsala ya Waisoni yokha ya m'chisakasa. Matiresi anachoka Waisoni ndi mkazi wake atagona pomwepo, anangodzidzimuka ali pasimenti, bulangeti lili bwinobwino pamwamba pawo, lopindiridwa m'mbali mwaulemu.

Amayi olawirira kumjigo anayamba kuyenda m'magulu. Ankati amakumana ndi bambo wina atasenza katundu, nkhope yabisika kunsi kwa mtolo. Ukamupatsa moni, zii. Mapazi ake sankadzutsa fumbi. Agalu a ku Chinsapo, aja amaluma ngakhale galimoto ya apolisi, akamuona ankagona chafufumimba n'kubisa mphuno m'miyendo. Ineyo ndinakumana naye pa mlatho. Ndinati, "Achimwene, tandigawireniko moto wa fodya." Sanayankhe, koma ndudu yanga inanyowa yokha kukamwa. Wina aliyense akanakomoka. Ine ndinangoiyanika.

Esinala anazimva zimenezi. Anati mwamuna wanga akubweza katundu kunyumba. Anasesa chipinda chopanda kanthu chija, anakolopa, anasiya chitseko chosakhoma. Kukacha ankayang'ana pakona pamene pankakhala mipando. Panalibe ngakhale supuni.

Ndiye tsiku lina kunabwera a Gwireni, mkulu wa adzukulu, munthu wosaseka ndi amoyo. Ananjuta palichero ngati akusankha tomato, n'kulankhula osakweza mutu.

"Mayi, katundu wanu ali kwathu."

"Kwanu kunyumba?"

"Kwathu kuntchito. Tinapita kukakumba manda a munthu wina, tapeza pa mtumbira wa amuna anu pakonzedwa ngati pabalaza. Mipando yayang'ana ku tivi. Njinga yatsamira mtengo. Mapoto ali pamafuwa. Anyamata anga anataya makasu."

Esinala anafuna kudzuka, koma mkuluyo anapitiriza.

"Sindinathe, mayi. Pambali pa matiresi payalidwa kamphasa kakang'ono. Pamutu pake pali kakapu ka pulasitiki kofiira. Pamphasapo sipanagone munthu. Pakudikira."

Kakapu kofiira kanali ka Tamala. Apo m'pamene mawu aja anamubwerera Esinala ngati mwala wa legeni: kakangokagwira dzanja, basi, gemu yatha. Mwamuna wake sankabweza katundu kunyumba. Ankasamutsa nyumba. Ndipo pa zonse zimene Waisoni anakweza pangolo tsiku lija, kupatula makinawo, chimene chinatsala chinali chimodzi: mwana.

"Nditani, a Gwireni?"

Mkuluyo anatulutsa masamba ouma m'thumba la jekete n'kuwaika pansi pa tomato. "Amuna anu si oipa. Munthu wadzutsidwa ndi dothi lake lomwe, wapeza pakhomo pake palibe kanthu, akutolera zake. Sadziwa kuti kumene akukhalako mwana sangakhaleko. Chimene sichinasambe chisambe: manja a alamu anu ndi makinawo. Koma ndikuuzirenitu. Makina akasamba, likhweru lija simudzalimvanso."

Esinala anamanga masambawo pamfundo ya chitenje. Anawoloka msewu, anagwada pakhomo la chisakasa, pamaso pa ana onse, mayi wamkulu.

"Alamu, ndagwira mwendo wanu. Katundu ndamusiya, sindidzamutchulanso. Sambani m'manja, makinawo tiwasambitse, timete maliro monga mwa mwambo. Mng'ono wanu akubwera kudzatenga mwana."

Waisoni anali ataonda, maso ali psuu. Manja ankawabisa m'matumba, chifukwa ngakhale ankawakhula ndi mwala mpaka magazi, kukacha dothi linkapezeka ladzazanso m'zikhadabo. Koma m'chisakasa munali modzaza. Mbiri inali itafika kutali, anthu akuluakulu ankabwera pa minibasi kudzaona gemu yoyenda yokha, ndipo pakhomo sankalowa ulere.

"Mwaona nzeru za akazi?" anatero Waisoni, akuyang'ana anthu ake kuti aseke. "Akuba katundu ndi abale ake usiku, masana akubwera ndi nthano. Ndiviike makina m'madzi? Inu munaona kuti?"

"Ndiye ndipatseni mwanayo ndithawe naye."

"Matewera achape ndani? Dzukani apo, mlamu, mukutchinga makasitomala."

Anthu anaseka. Ena mwa iwo Yotamu anawakonzerapo mafoni ulere.

Tsono linafika tsiku. Magetsi anali atazima kuyambira m'mawa, chigayo chili chete, ometa tsitsi akuwodzera pamabenchi. Dzuwa linali paliwombo, lija loti nkhuku zimaikira mazira owiritsa kale. Msewu wonse unali zii. Esinala anali palichero lake, ataona Tamala akutsikira kumjigo ndi beseni.

Likhweru linalira.

Ana amene ankadikira magetsi m'chisakasamo anatuluka ngati mbewa zothiridwa utsi, wina anadutsa pakhoma la katoni n'kusiya chibowo chooneka ngati iye yemwe. Esinala anathamangira pakhomo n'kusuzumira. Tivi inali ikuyaka, chingwe chake chili lende, chosalumikiza paliponse. Zokanikizira posewera gemu zinali pabenchi, palibe wozigwira. Waisoni anali atakanirira kukhoma, kukamwa kuli yasa. Pa tivi kamunthu ka shati yobiriwira kanali katatuluka m'mitengo. Ulendo uno sikanakhotere kunyumba ya Waisoni. Kanalunjika njira ya kumjigo, manja ali opanda kanthu, dzanja limodzi litatambasuka.

Esinala anacheuka kuyang'ana kunja. Kumunsi kwa msewu, kuchokera mbali ya kumanda, kunkabwera kavuluvulu. Osati uja wothamanga wogwetsa madenga. Uyu ankayenda pang'onopang'ono, msinkhu wa munthu, fumbi lake lofiira. Kamunthu ka pa tivi kataima pa chigayo, naye anaima pa chigayo. Katadutsa butchala, naye anadutsa butchala, nyama zopachika zija zinagwedezeka, agalu anagona pansi.

Ndipo pa tivipo panatulukira kamunthu kena, kakang'ono, kosenza beseni.

Tamala anali akukwera kamtunda, madzi ali pamutu. Anaima pakati pa msewu. Anapendeketsa mutu ngati akumvetsera. Ndiye anamwetulira, kumwetulira kumene mayi ake anali asanakuone chichokereni maliro.

"Adadi?"

Dzanja lake limodzi linasiya beseni n'kuyamba kukwera.

Mmene Esinala anathamangira tsiku limenelo, mapazi ake anasiya maenje mumsewu, minibasi zimagwamo mpaka pano. Anatsomphola beseni pamutu pa mwana, anamasula mfundo ndi mano, masamba m'madzi. Mwana sanamuone n'komwe, maso anali kwina. Kumukoka kunali ngati kukoka mtengo wa mlambe. Esinala anamusiya n'kulowa m'chisakasa ndi beseni lija. Waisoni anayesa kutchinga.

"Mlamu, mukangokhudza makina anga..."

Sanamalize. Anayang'ana pa tivi, n'kupatuka yekha.

Esinala ananyamula makinawo. Anali otentha, osati kutentha kwa magetsi, koma kuja kwa chipumi cha Yotamu tsiku lake lomaliza. Likhweru linaliranso, pafupi, m'manja mwake mwenimweni, lija la pokhota pampanda: ndafika, Nachisale, tsekulani. Manja ake anakana kutsika. Anaima choncho, beseni lili pamapazi ake, akumvetsera. Pa tivi zala za kamunthu kaja zinatsala pang'ono kukhudza zala za kamwana.

"Bambo a Tamala," anatero. "Mipando tengani. Matiresi tengani, ine ndazolowera pansi. Koma mwana si katundu. Akulu anu ndi amene anamuyesa katundu, inu musatero. Bwererani mukagone."

Anawamiza makinawo m'beseni.

Likhweru linadukira pakati, ngati munthu wamutseka pakamwa. Madzi anawira, anafiira psuu, m'makinamo munatuluka matope, matope, matope, oti ine ndinaumbira njerwa za khitchini yanga n'kutsalako. Tivi inathima. Kunja kavuluvulu anaima kaye pang'ono pamaso pa mwanayo, kenaka anangokhuthuka pansi, n'kusiya kamulu ka dothi lofiira pakati pa msewu.

Tamala anali chiimire, dzanja lili m'mwamba. Kunsonga kwa zala zake kunali dothi. Kunsonga kokha. Mayi ake anamukokera pabeseni n'kumusambitsa zalazo, kuzikhula, kuzikhula, mwana akulira. Atatha anatembenukira kwa mlamu wake n'kumukankhira beseni ndi phazi.

"Alamu, madzi ndi awa."

Waisoni anayang'ana beseni. Anayang'ana anthu amene anali atayamba kuunjikana pakhomo. Akanasamba pamaso pawo ndiye kuti wavomera zonse. Anabweza manja m'matumba.

"Mwaona nonse?" anakuwa. "Mwaona mfiti iyi? Inadya mng'ono wanga, yakhala ikumutuma kudzandibera, lero yandiphera bizinesi!"

Mukuganiza kuti panapezeka wotsutsa? A Gwireni anali kumanda. Otsalawo ndi omwe aja anaona ngolo ikupakira n'kumatokosa m'mano. Kunena kuti Waisoni ndi wolakwa kukanakhala kunena kuti iwonso ndi olakwa, ndiye kunali kwapafupi kuloza chala mayi wa chitambala chakuda. Tomato wake anamuponda. Mwini nyumba anamuuza kuti dzuwa lisamulowere pakhomo pake. Chokhacho, poti tsopano ankamuopa, palibe anayerekeza kumuletsa pamene anagwira mwana wake padzanja.

Anatuluka mu Chinsapo wapansi, lichero lobwereka atalibweza kwa eni ake, alibe ngakhale kamtolo. Katundu wake yense ali kumanda mpaka lero, mipando chiswe chinadya ili chiyang'anire tivi, palibe angakaitenge. Atafika pamsewu waukulu, Tamala anasolola dzanja lake m'dzanja la mayi ake.

"Amayi, adadi anabwera kudzanditenga. A Waisoni akundimenya inu munkangokhala palichero. Adadi ndi amene anabwera. Munawabwezeranji?"

Esinala anaima. Anati mwina amuimbire likhweru lija kuti mwana atonthole. Anasongola milomo. Munangotuluka mpweya. Anayesanso, kufufuza m'mutu monse mmene linkayambira, mmene linkakwerera pothera. Linali litapita. Linatsala m'beseni muja pamodzi ndi matope. Anayenda choncho mpaka ku Ntchisi, mwana patsogolo, mayi pambuyo, akusongola milomo ngati munthu wouzira moto wozima.

Waisoni alipo, mukafuna kamuoneni. Dothi silinachoke. Mvula ikagwa m'zikhadabo mwake mumamera bonongwe, mkazi wake anathyolako kawiri asanathawe. Palibe amamupatsa moni wa padzanja, palibe amadya naye mbale imodzi, pamaliro adzukulu akamuona amabisa beseni.

Ukuti chiyani iwe Fanuwelo, ukung'ung'udza kumdimako? Akuti tivi singayake popanda magetsi, Waisoni anabisa batire pansi pa benchi, katunduyo ankaba ndi anyamata a chamba. Tamumverani mwana wa dzulo! Batire! Batire imapinda bulangeti? Anyamata a chamba amayalira mwana mphasa? Zamkutu. Khitchini yanga ili apo, njerwa zake zofiira, pita ukagunditse khutu pakhoma ngati ndiwe mwamuna. Ukukana? Ndiye khala chete, undipatsire fodyayo.